Periodide ndi chani kwenikweni? Kuyankha achemwali amene anandilembera imelo

Sabata yathayi ndinalandira imelo kuchokera kwa mtsikana wina amene akuphunzira ntchito ya mu labotale. Funso lake mwachidule linali ili: "Achimwene, m'buku lina lakale la mankhwala ndapeza mawu akuti periodide of mercury, kenako pa kabotolo ka matabuleti oyeretsera madzi ndaona palembedwa tetraglycine hydroperiodide. Dikishonale ikungoti periodide ndi compound yokhala ndi ayodini wambiri, basi. Wambiri poyerekeza ndi chani? Nanga ndi chimodzimodzi ndi periodate amene tinaphunzira m'kalasi, kapena zikukhudzana ndi periodic table?"

Achemwali, ndachedwa kukuyankhani chifukwa sindimafuna kungokuponyerani mzere umodzi ngati wa dikishonale uja. Dikishonaleyo sinaname ayi, kungoti yasiya pofunika penipeni. Mawu amenewa akhala akugwiritsidwa ntchito m'njira ziwiri, ndipo mwamwayi zinthu ziwiri mwapezazo chilichonse chili ku njira yake, cha m'buku ndi njira yakale pomwe cha pa kabotolo ndi njira imene idakalipo lero.

Choyamba tichotse za periodic table zija. Palibe ubale olo pang'ono. Mawuwa amaduka chonchi, per kenako iodide, nde mukamatchula muzipumira pang'ono pakatipo, per-iodide. Anthu ambiri amawerenga ngati akuyamba ndi period chifukwa zilembo zake zangofanana, apa mpomwe chisokonezo chimayambira. Ngakhale asidi uja wotchedwa periodic acid, naye ndi per-iodic, sakukhudzana ndi tebulo ija.

Nanga per ameneyu wachokera kuti? Anamulowetsa mu kemisitiri ndi Thomas Thomson wa ku Scotland m'chaka cha 1804. Iye anaona kuti chitsulo chimodzi chimatha kugwirana ndi okosijeni pa milingo yosiyanasiyana, nde anati chimene chili ndi okosijeni wochepetsetsa tizichitcha protoxide, chotsatira deutoxide, ndipo chimene chadya okosijeni mpaka pomaliza tiziti peroxide. Nthawi imeneyo ayodini anali asanadziwike nkomwe. Anamupeza ndi Bernard Courtois ku France mu 1811, akugwira ntchito ndi phulusa la zomera za m'nyanja, atathira sulfuric acid wambiri ndi kuona nthunzi yapepo ikukwera. Dzina lake linachokera ku mawu a Chigiriki otanthauza mtundu womwewo. Tsono anthu atayamba kupanga ma compound a ayodini anangotenga mayina a Thomson aja nkuwasamutsa, protiodide ndi periodide.

Mercury ali ndi ma iodide awiri odziwika. Wina ndi Hg2I2, wachikasu chopita kobiriwira, ndipo mmenemo ayodini mmodzi amayenderana ndi mercury mmodzi. Winayo ndi HgI2, wofiira kuti psuu, mercury mmodzi ndi maatomu awiri a ayodini. Woyambayo amamutcha protiodide of mercury, madokotala a zaka za m'ma 1800 ankapereka kwa odwala chindoko, ndipo wofiirayo ndi amene buku lanu likuti periodide of mercury, mabuku ena amati biniodide. Mwaona yankho la funso lanu lakuti wambiri poyerekeza ndi chani? Poyerekeza ndi m'bale wake wa chitsulo chomwecho. Maatomu awiri okha, koma poti mnzakeyo ali ndi mmodzi pa mercury aliyense, uyu ndi per. Lero sitinenanso choncho, timangoti mercury(II) iodide, ndipo chonde ngati muli naye mu labu yanu dziwani kuti ndi poizoni, osamugwira ndi manja.

Tanthauzo lachiwiri ndi limene ine limandikomera, ndipo ndimakhulupirira kuti munthu samalimvetsa bwino mpaka ataliona ndi maso. Ndikukumbukira tsiku loyamba limene ndinapanga ndekha. Ndinatenga timibulu ta ayodini, takuda tonyezimira ngati nsonga ya pensulo yofufutidwa, nkuponya mu beaker ya madzi. Ndinatakasa kwa nthawi ndithu, timibulu tija tinangokhala pansi phee, madzi anangosintha pang'ono kukhala achikasu chofooka. Ayodini ndi wouma mutu m'madzi, galamu imodzi imafuna madzi opitirira malita 3 kuti isungunuke. Kenako ndinathira potassium iodide, KI, amene ndi ufa woyera ndipo m'madzi alibe mtundu uliwonse. Ndisanatakase nkomwe kunayamba kutuluka timizere tofiirira kuchokera pa timibulu tija ngati utsi, nditatakasa kawiri katatu zonse zinasungunuka, madzi onse bulawuni wakuda bii moti pansi pa beaker sipamaonekanso.

Chimene chachitika apa nchakuti iodide wa mu KI uja, I⁻, wagwira molekyulu yathunthu ya ayodini, I2, nkupanga kanthu katsopano ka maatomu atatu ondondozana pa mzere wowongoka, I3⁻, kamene timati triiodide. Chaji ikadali imodzi yomwe ija koma tsopano akugawana atatu. Potassium ali ndi dzanja limodzi lokha, amayenera kukhala ndi ayodini mmodzi basi, nde akatswiri akale ataona KI3 anadabwa kuti awiri enawo agwira pati. Yankho ndi lakuti sanagwire potassium, agwira ayodini mnzawo. Apa ndiye pali kusiyana kwenikweni ndi HgI2 uja, chifukwa kuja ayodini aliyense wagwira mercury mwachindunji pomwe kuno ayodini wakwera pamsana pa ayodini. Ndipo sizithera pa atatu, unyolo umatha kutalika kukhala I5⁻, I7⁻, I9⁻ mpaka kupitirira apo. Mabuku atsopano amawatcha polyiodide onsewa, koma dzina lakuti periodide linakakamira makamaka ku mbali ya mankhwala. Bromine nayenso ali ndi zofanana, mudzamva za pyridinium bromide perbromide, mmenemo muli Br3⁻.

Mfundo imene ndikufuna muigwire ndi iyi, ayodini woonjezerayo sagwira mwamphamvu. Mu I2 maatomu awiri amatalikirana pafupifupi 267 pm (picometre, kamuyeso kakang'ono kwambiri koyezera mipata ya maatomu), koma mu I3⁻ mpatawo umafika cha m'ma 290 pm, kusonyeza kuti kugwirana kwake ndi kolobodoka. M'madzi amangokhalira kugwirana ndi kusiyana, I2 wina akagwiritsidwa ntchito triiodide amamasula wina. Nde periodide ali ngati nkhokwe ya ayodini, amasunga wambiri koma amatulutsa pang'onopang'ono, ndipo pafupifupi ntchito zake zonse zimachokera pamenepa.

Madzi abulawuni ndafotokoza aja ali ndi dzina, Lugol's solution, kuchokera kwa dokotala wa ku France Jean Lugol amene anawapanga mu 1829. Amphamvu aja amakhala ndi magalamu 5 a ayodini ndi magalamu 10 a KI m'madzi okwana 100 mL. Inu a mu labotale mumakumana ndi mbale wake wosungunulidwa tsiku lililonse pochita Gram stain, njira ya Hans Christian Gram ya mu 1884, pamene mumathira Gram's iodine pambuyo pa crystal violet kuti utoto umatirire mkati mwa bakiteriya. Povidone-iodine wotsukira mabala uja, ambiri amamudziwa ndi dzina lakuti Betadine, ndi nzeru yomweyo, triiodide atagwidwa ndi polymer. Botolo likalembedwa 10% ndiye kuti ayodini wopezeka ndi pafupifupi 1%, ndipo chifukwa amatuluka pang'onopang'ono sawawa pa bala ngati ayodini wa mu spirit.

Matabuleti anu aja tsopano. Dzinalo lithyoleni. Tetraglycine ndi mamolekyulu anayi a glycine, hydro akuimira HI (hydrogen iodide), ndipo periodide akukuuzani kuti pamwamba pa iodide ameneyo pali ayodini wina woonjezera. Anawapanga ku Harvard nthawi ya nkhondo yachiwiri ya dziko lonse kuti asilikali a America aziyeretsera madzi akumwa. Ayodini payekha sungamuike mu tabuleti, amauluka kukhala nthunzi komanso monga taonera sasungunuka msanga, koma akakhala mu periodide amakhazikika ndipo akangogwa m'madzi amamasuka, tabuleti imodzi imatulutsa pafupifupi 8 mg. Ndiwonjezerepo kuti sapha bwinobwino kachilombo kotsegula m'mimba kotchedwa Cryptosporidium, sayenera kugwiritsidwa ntchito kwa nthawi yaitali, ndipo amayi oyembekezera ndi anthu a vuto la chithokomiro ayenera kuwapewa. Ndanena izi poti kabotoloko muli nako m'manja.

Za sitachi mukuzidziwa kale, kadontho ka ayodini pa sitachi kamasanduka buluu wakuda. Anazipeza mu 1814 ndi Jean-Jacques Colin ndi Henri-François Gaultier de Claubry, zaka zitatu zokha ayodini atadziwika. Chimene ambiri sauzidwa m'kalasi nchakuti mtundu umenewo ndi wa polyiodide. Mbali ya sitachi yotchedwa amylose ndi yopotana ngati sipuling'i, ndipo unyolo wa ayodini umalowa pakati pa mphako yake nkutambasuka mmenemo. KI yekha pa sitachi sachita kanthu. Mukayese izi mu labu, tenthetsani test tube ya buluuyo pang'onopang'ono, muona mtundu ukuzilala mpaka madzi kuyera chifukwa sipuling'i ija yamasuka, kenako muiike m'madzi ozizira ndipo buluu uja abwerera kuyambira pansi kukwera m'mwamba. Ine mpaka lero ndimaimabe kuyang'ana zikamachitika.

Pali nkhani ina imene sindingaisiye. Mu 1852 dokotala wa ku Bristol, William Bird Herapath, anafotokoza za timakristo tobiriwira tonyezimira timene tinapangika wophunzira wake atadonthezera ayodini mu mkodzo wa galu amene anamwetsedwa kwinini. Ataika pa maikulosikopu anaona kuti tiwiri tikasanjikizana mopingasa kuwala sikudutsa. Timakristo timeneti, lero timati herapathite, ndi periodide wa kwinini, ndipo mmene maatomu ake anayalidwira zinadzadziwika mochedwa kwambiri, mu 2009, ndi gulu la Bart Kahr. Edwin Land anagwiritsa ntchito herapathite popanga mapepala ake oyamba osefa kuwala a Polaroid cha m'ma 1929, kenako mu 1938 anapeza njira yabwino koposa yokoka pulasitiki ya polyvinyl alcohol nkuinyika mu ayodini kuti maunyolo onse aloze mbali imodzi. Masikirini a LCD ambiri amagwiritsabe ntchito njira yomweyi, nde mwina imelo yanu munailemba mukuyang'ana kudzera mu polyiodide. Ma alkaloid ambiri, mankhwala a m'zomera a gulu la kwinini, amachita chimodzimodzi, ndiye chifukwa chake Wagner's reagent, amene ndi ayodini mu KI basi, amapereka matope ofiirira akakumana nawo. Ma ion (tizidutswa tokhala ndi chaji) akuluakulu ngati amenewa ndi amene amakhazikitsa bwino maunyolo a ayodini, caesium amapereka CsI3 wouma mosavuta pomwe sodium zimamuvuta.

Periodate ndi chinthu china kotheratu ndipo apa musasokoneze pa mayeso. Periodate ndi IO4⁻, ayodini mmodzi yekha atazunguliridwa ndi maokosijeni anayi, ndipo per wake akunena za okosijeni, mndandanda wake ndi hypoiodite, iodite, iodate, periodate. Ayodini wake ali pa +7, pomwe mu iodide ali pa −1 ndipo mu triiodide mukagawa chaji kwa onse atatu mupeza −1/3. Sodium periodate ndi ufa woyera, ma polyiodide ambiri amakhala akuda kapena abulawuni. Periodic acid amene mudzagwiritse ntchito mu PAS (periodic acid-Schiff) stain ndi wa banja la periodate. Kachidule kosavuta pa mayina awiriwa nkakuti mukaona -ate kumapeto ayodini wagwirana ndi okosijeni, mukaona -ide sanagwirane naye.

Msampha wina uli pa mawu akuti triiodide. Aluminium triiodide, AlI3, ndi phosphorus triiodide, PI3, alibe I3⁻ mkati, ndi ma ayodini atatu osiyana aliyense atagwira atomu yapakati. Koma TlI3, amene mukangomuona mungaganize kuti ndi thallium(III) iodide, ndi Tl⁺ ndi I3⁻, periodide weniweni wa tanthauzo lachiwiri lija. Fomula zikufanana koma mkati ndi mosiyana, ndipo nchifukwa chake kungowerenga maatomu sikukwanira, muyenera kufunsa kuti ayodiniyo wagwira ndani.

Tsono pa kalembedwe kanu achemwali, ine maganizo anga ndi akuti mawu akuti periodide muziwadziwa koma musamawalembe nokha mu lipoti, pokhapokha ngati ndi mbali ya dzina la mankhwala ngati matabuleti aja. Ngati mukudziwa kuti ndi I3⁻ lembani triiodide, ngati ndi I5⁻ lembani pentaiodide, ngati mukunena za gulu lonse lembani polyiodide, ndipo ngati ndi chitsulo cha m'buku lakale lembani ndi nambala yachiroma monga mercury(II) iodide. Mukakumana nawo m'buku yang'anani chaka chimene bukulo linasindikizidwa komanso chimene chaphatikizidwa ndi ayodiniyo, chikakhala chitsulo cha ma iodide awiri ngati mercury nthawi zambiri ndiye tanthauzo la Thomson, chikakhala potassium, caesium, kwinini kapena glycine ndiye unyolo uja. Lugol wanu muzimusunga mu botolo lagalasi labulawuni lotseka bwino, kutali ndi dzuwa, ndipo mukaona kuti wayamba kuzilala mtundu kukhala wachikasu ndiye kuti ayodini wauluka, pangani wina musanachite Gram stain.