Za guluu wa ma lashes uja wafunsa mu gulupu

Halo, eee, ndikhulupirira ikujambula iyi. Amayi, azakhali ndi nonse muli mu gulupu muno mundikhululukire, voisi noti iyi italikako pang'ono, amene sizikukukhudzani mungodumpha, ndikuyankha mng'ono wangayu. Iwe, ndaliona funso lako la m'mawa lija, kuti Loweruka kuli ukwati wa mnzako nde ukufuna ukayikitse ma lashes, koma ku saluni akuuza kuti ubwere kaye masiku awiri zisanachitike akakuyeze ngati guluu wake sakuwenga, nde iwe ukuti kodi si kungokutayitsa nthawi, poti chibadwire sunawengedwepo ndi kanthu. Ndinayamba kutaipa koma zala zinatopa, bola ndingolankhula.

Pita ukayezetse. Ndipo munthu wakuuza zimenezoyo umugwiritse, amene amangokukhazika pampando osafunsa kalikonse ndi amene ndimawaopa ine.

Ukudziwa guluu ameneyu kuti ndi chani? Chimene chimamata mmenemo amachitcha cyanoacrylate, ndi mtundu umodzimodzi ndi super glue uja timamatira nsapato ikang'ambika, kungoti uyu anamukonza kuti agwiritsidwe ntchito pafupi ndi maso. Anamutulukira ndi mkulu wina waku America dzina lake Harry Coover mu 1942, akufufuza zinthu zina zankhondo, za maso a anthu sankaziganizira n'komwe, hahaha. Nde guluuyu amauma akakumana ndi chinyezi, ndipo akamauma amatulutsa kampweya kena koluma, n'chifukwa chake amakuuza kuti utsinzine nthawi yonse akukuyika, usasuzumire ngakhale foni italira. Mkati mwakemo mumakhalanso zina, wakuda uja amathiramo carbon black kuti ade, ndipo ena amatulutsa pang'ono mankhwala ena oluma otchedwa formaldehyde. Ku Japan mu 2012 madokotala a maso analemba za azimayi 107 amene anabwera ndi mavuto a maso atayikitsa ma lashes, ambiri diso lenilenilo linafiira n'kutupa, ena zikope zinatupa chifukwa cha ziwengo, ndipo atayeza ma guluuwo anapezamo formaldehyde. Nde si nthano za ku saluni ayi.

Tsopano chimene anthu ambiri sachimvetsa ndi ichi, ndipo umvetsere bwino apa. Kuwenga kwa guluuyu kawirikawiri sikubwera pompo. Si ngati njuchi yakuluma watupa nthawi yomweyo ayi. Utha kutuluka mu saluni uli bwinobwino, wadzijambula, watumiza mu gulupu muno tonse takuyamikira, wagona, mawa lake kapena mkuja ndi pomwe zikope zimayamba kuyabwa n'kufufuma. Zimatenga maola 24, 48, nthawi zina mpaka 72. Nde masiku awiri akukuuzawo si iwo akuchedwetsa dala, thupi lako ndi limene limatenga nthawi imeneyo kuti liyankhe. Wina akakudontheza kadontho n'kudikira maminitsi khumi n'kunena kuti uli bho tiye tiyambe, ameneyo sanakuyeze kanthu, wangokusewera.

Mmene amayezera, ena amadontheza kadontho kakang'ono kuseri kwa khutu kapena mkati mwa mkono apa pofewa. Ena amakuyika nsidze zochepa chabe, mwina zisanu kapena khumi, kumapeto kwa diso lililonse, ndi guluu yemweyo. Ine ndimakonda njira yachiwiriyi chifukwa khungu la chikope ndi lopyapyala kuposa pena paliponse pathupi, pamkono patha kukhala phee koma chikope n'kukana, komanso guluuyu sanapangidwe kuti azikhudza khungu, amayenera kumata nsidze yoyikirayo pa nsidze yako yeniyeni patali pang'ono ndi khungu. Nde akayika zochepazo umakhala wayesa chenicheni chimene chidzachitike tsiku lakelo, ndi kampweya kake komwe. Uwafunse kuti botolo limene akukuyezera ndi lomwelo adzagwiritse ntchito, asakuyeze wina tsikulo n'kutsegula wina. Uwauzenso akumate katepi ndi timapadi tija amayika kunsi kwa diso, chifukwa anthu ena guluu alibe naye vuto koma chowawenga ndi tepi kapena jelo wa timapadito, nde amangonamizira guluu.

Ukachoka kumeneko usapake kirimu aliyense pamalopo, makamaka ma kirimu a ziwengo aja okhala ndi steroid, amabisa zimene ukufuna uonezo. Ungosiya, uzidziyang'ana pagalasi m'mawa ndi madzulo.

Nde uziyang'ana chani. Pali zinthu ziwiri zimene anthu amasokoneza. Pali kuluma wamba kwa kampweya kaja, diso limafiira mkati moyeramo, misozi, kuwotcha pang'ono, kawirikawiri zimayamba nthawi yomweyo ndipo pofika mawa zimakhala zikuchepa, nthawi zina diso limodzi lokha limene linatseguka pang'ono. Chimenecho si ziwengo, ngakhale sichabwinonso. Ziwengo zenizeni zimagwira chikope, chimatupa, chimayabwa koti ungafune uzikanda ndi zikhadabo, khungu limafiira kenako limauma n'kumasupuka, kawirikawiri maso onse awiri, ndipo m'malo mochepa zimanka zikula tsiku ndi tsiku bola guluuyo adakali pompo. Ukaona zimenezo pa mayesowo, nkhani yatha, usayikitse.

Ndipo asakunyengerere kuti tili ndi wina wa sensitive, kaya hypoallergenic chani chani. Ambiri mwa amenewo cyanoacrylate ali momwemo, angochepetsa fungo kapena asintha mtundu wake pang'ono. Ngati chokuwenga ndi utoto wakuda uja, eya, guluu woyera wopanda utoto atha kukuthandiza, koma ngati ndi cyanoacrylate weniweniyo palibe botolo limene lingakupulumutse. Iwe wekha sungadziwe kuti chakuwenga ndi chiti, amene angasiyanitse ndi dokotala wa khungu, iwo amamata timapepala ta mankhwala osiyanasiyana kumsana kwa masiku awiri, n'kuchotsa, n'kudzaonanso pakapita tsiku lina kapena awiri.

Paja wati sunawengedwepo ndi kanthu eti. Hmm. Mesa ukukumbukira chaka chija ndinasowa pa zithunzi zonse, ndikungovala magalasi akuda mpaka azakhali anandifunsa ngati kunyumba kuli mtendere? Anali ma lashes amenewa. Ine ndinayikitsa koyamba bwinobwino, kachiwiri bwinobwino, ndinkapita kukadzazitsa pakapita masabata awiri kapena atatu monga amanenera, miyezi ingapo popanda vuto lililonse. Tsiku lina malo omwewo, guluu yemweyo, ndinadzuka maso atatupa ngati ndalira maliro usiku wonse, kutsegula kwake kochita kukoka ndi chala. Dokotala anandifotokozera kuti thupi limachita kuphunzira, nthawi iliyonse likakumana ndi chinthucho limachisunga m'mutu, nde tsiku lina limangoti basi ichi ndi mdani, ndipo likatero kawirikawiri silibwereranso m'mbuyo. Mpaka lero ine sindiyandikira. Nde ukapambana mayeso a sabata ino sikuti wapambana moyo wonse ayi, ukadzakhala nthawi yayitali osayikitsa kapena akadzasintha guluu uyezetsenso, ndipo tsiku lina ukadzamva kuyabwa kumene sunkakumva kale usadzati ndipirire.

Chinanso, iwe ndi zikhadabo zako zoyikira zija. Guluu womatira zikhadabo nayenso ndi cyanoacrylate, nde taganiza bwino, sunayambe waonapo zala zikuyabwa kapena khungu likusupuka m'mbali mwa zikhadabo ukamata? Ngati zinachitikapo uwauze ku saluniko usanakhale n'komwe pampando. Chimodzimodzi ngati pulasitala wa pabala amakusiyira zidzolo, kaya magolovesi a latex amakuyabwitsa, kaya uli ndi chikanga, kaya mphumu, poti kampweya kaja ena kamawabanikitsa. Ndipo ngati diso lili kale ndi vuto, lafiira, likutuluka manthongo, kaya pali kasokera, udikire lipole kaye. Ma contact lens ako aja uvule asanayambe, utenge magalasi.

O, ndisanaiwale, ngati zitapezeka kuti amakuwenga, chimenechi uzichikumbukira ngakhale kuchipatala, chifukwa pali guluu wina madokotala amamatira mabala m'malo mosoka, ndi wa banja lomweli la cyanoacrylate. Ine ndimawauza nthawi zonse akandifunsa kuti pali chimene chimakuwengani.

Nanga zikachitika utayika kale zonse? Usazule. Ndikubwereza, usazule, uzula ndi nsidze zako zomwe ndipo zimatenga masabata ambiri kuti zimerenso. Usayerekezenso kupaka acetone wochotsera polishi pafupi ndi diso, iii, ndinamvapo anthu akulangizana zimenezo, ukhoza kuwononga diso. Ubwerere kwa amene anakuyikayo achotse ndi mankhwala ake ochotsera, chifukwa guluuyo akadali pompo kutupa sikutha ngakhale umwe chani. Podikirapo kansalu koyera konyowetsa m'madzi ozizira uziyika pamaso, piritsi la ziwengo ngati cetirizine limachepetsako kuyabwa, koma kirimu wa steroid pachikope usadzipake wekha, ameneyo akulembere dokotala, pafupi ndi diso si poseweretsa. Koma ukamva diso lenilenilo likupweteka, kaya ukuona mbuu, kuwala kukukulasa, mafinya akutuluka, kapena milomo ndi nkhope zatupa mpweya ukubanika, usadikire saluni itsegule, thamangira kuchipatala nthawi yomweyo.

Nde tiwerenge masiku. Lero Lamulungu. Ine ndikanakhala iwe ndikanapita mawa Lolemba kukayezetsa, n'kudikira mpaka Lachinayi, akhale masiku atatu athunthu osati awiri, ngati kuli zii nde uyikitse Lachinayi lomwelo. Zoyikitsa Lachisanu madzulo kapena Loweruka m'mamawa usayerekeze, koyamba kumene chonchi, ukadzuka utatupa nthawi yokonza palibe ndipo zithunzi za ukwati anthu amasunga mpaka kalekale. Zikakanika si kutha kwa dziko, pali ma lashes omata tsiku limodzi aja umachotsa madzulo, kungoti nawonso guluu wake wambiri amakhala ndi latex nde uwerenge kabotolo kake ndipo uyesenso kaye pamkono, pali a maginito, kapena mascara wabwino basi, nsidze zako iwe n'zazitali kale unatengera amayi, ife ena ndi amene tinamanidwa.

Amayi ndikudziwa mukumvetsera ndipo mukuti ana inu mumadzivutitsiranji, ndakumvani kale musanalankhule, hahaha. Iwe mawa ukafika uwapemphe botolo ulijambule kumbuyo kumene amalemba zimene zili mkatimo, unditumizire kumbali ndione. Akakana kukuonetsa botolo undiimbire usanakhale pampando. Chabwino, batire ikutha, tilankhulana.