Yambani ndi Hamamura, Kurosawa abwere pambuyo

Achimwene, mwafunsa kuti ndi mkonzi uti wa mafilimu wa ku Japan amene mungaphunzireko luso, poti mwatopa ndi mavidiyo a ukwati odzaza ndi zithunzi zozungulirazungulira ndi zosungunuka. Ambiri akutchulirani Akira Kurosawa, ndipo sakunama, mkuluyo ankadula yekha mafilimu ake. Koma ine ndikuti yambani ndi Yoshiyasu Hamamura.

Bambo ameneyu anali wa ku kampani ya Shochiku, ndipo ndi amene analumikiza mafilimu ambiri otsogoleredwa ndi Yasujiro Ozu, monga Late Spring ya 1949, Tokyo Story ya 1953, mpaka An Autumn Afternoon ya 1962, imene inali yomaliza ya Ozu. Dzina lake silimveka kwenikweni chifukwa ulemu wonse umagwera Ozu, yemwe ankakonzeratu chithunzi chilichonse asanayatse kamera. Komabe lumo linali m'manja mwa Hamamura, masiku amenewo filimu ikudulidwa ndi kumatidwa pamanja.

Mukaipeza Late Spring, fufuzani pamene bambo ndi mwana wawo wamkazi agona m'nyumba ya alendo ku Kyoto, ukwati wa mtsikanayo uli pafupi. Nyale yazimitsidwa. Setsuko Hara, amene akusewera ngati mtsikanayo, ali chigonere, akumwetulira. Mwadzidzidzi tikuona mtsuko uli chiimire, mithunzi ya masamba ili kumbuyo kwake. Tikabwerera pankhope ya mtsikana uja, kumwetulira kwatha. Kenako mtsuko uja kachiwiri, ndipo ulendo uno ukukhalitsa mpaka woonera kuyamba kusowa mtendere. Palibe wanena kuti "ndikudandaula", koma nkhani yonse yamveka. Ukwati weniweniwo sauonetsa n'komwe, ngakhale mkwati sitimuona nkhope. Inu odyera maukwati musayerekeze zimenezo, eni mwambo angakulandeni ndalama!

Chimene mungatengepo n'chakuti m'mafilimu amenewa chithunzi chimangodulidwa basi, china n'kulowa, popanda zokometsera. Ndiye mphamvu yonse ili pa nthawi yodulira. Munthu amasiyidwa amalize mawu ake, nthawi zina chipinda chimatsala chopanda munthu kwa kamphindi anthu atatulukamo. Zimitsani mawu, muonere mphindi khumi zokha, muziwerenga masekondi a chithunzi chilichonse n'kumalemba m'kope. Mukatero tsegulani vidiyo yanu yakale, muchotse zozungulira zonse, muone ngati ikuimabe payokha.

Chenjezo limodzi: Ozu ankaika kamera pansi kwambiri, ndipo ochita sewero ankalankhula atayang'ana pafupifupi m'kamera momwe, osalabadira lamulo la madigiri 180, loti kamera izikhala mbali imodzi yokha ya anthu amene akulankhulana. Zimenezo musakopere msanga, dziwani kaye lamulolo.

Ngati mtima wanu uli ku makatuni, yang'anani ntchito ya Takeshi Seyama, amene analumikiza My Neighbor Totoro ya 1988 ndi Spirited Away ya 2001 ku Studio Ghibli. Kurosawa mumuonere pamapeto, makamaka nkhondo ya pamvula mu Seven Samurai ya 1954, imene anaijambula ndi makamera angapo nthawi imodzi.