Filimu yopanda nkhani ndi filimu ndithu

Achimwene, mwafunsa ngati kanthu kamene mwakaona pa YouTube, kopanda munthu, kopanda mawu, mizere ndi mitundu yokhayokha ikuphethira, ndi filimu kapena wina wangokuthetserani bandulo. Ndi filimu, ndipo si za lero ayi.

Mu 1935 Len Lye wa ku New Zealand anatenga tepi ya filimu n'kumaipaka utoto ndi manja, kamera osaigwira n'komwe. Inatuluka A Colour Box, ndipo analipira ndi a positi ofesi a ku Britain, n'chifukwa chake kumapeto kumabwera timawu totsatsa mitengo yotumizira katundu. Stan Brakhage wa ku America ndiye anachita kunyanya mu 1963. Anatola mapiko a njenjete, masamba ndi udzu, n'kuzimata pakati pa matepi awiri. Ndiyo Mothlight imeneyo, mphindi pafupifupi zinayi, zii, ngakhale nyimbo mulibe. Pulojekita imathamangitsa zithunzi 24 pa sekondi, ndiye phiko lija siliima kuti munene kuti "ili ndi phiko". Diso laona kale pakamwa pasanapeze dzina. Brakhage ankafuna zomwezo.

Ife chimatisokoneza n'choti tinakulira m'mavidiyo shoo a ku Ndirande ndi ku Bangwe, momwe DJ amamasulira chilichonse. Munthu akungotsegula chitseko, DJ akuuzani kuti akutsegula chitseko, n'kuthirapo zakezake. Anyamata aja ndimawakonda, amaseketsa heve, koma anatizoloweza kuti chithunzi chizidikira mawu. Chikabwera chokha timasowa mtendere. Chonsecho ng'oma za beni zikamalira simuyamba mwafunsa tanthauzo, phazi limangoyamba lokha.

Wina anazitembenuza. Michael Snow wa ku Canada mu 1982 anapanga So Is This, yomwe ndi mawu okhaokha, liwu limodzi likuoneka pa sikirini, lizimirike, libwere lina. Mumayamba n'kuwerenga, kenako mumapezeka mukuyang'ana kukula kwa zilembo ndi nthawi imene liwu lachedwa.

Sindikunena kuti zonse n'zabwino. Ena amangogwedeza foni n'kumati ndi luso, pomwe ndi ulesi. Ine ndimayang'ana kayendedwe: ngati wopangayo akudziwa pofulumira ndi poima, zimaoneka msanga.

Kaonereninso usiku, magetsi mutazimitsa, osati muli m'minibasi ya ku Limbe kondakitala akukuwa. Koma ngati panyumba pali wodwala khunyu asaonere nawo, kuphethira kuja kumatha kumugwetsa.