Za amayi akuluakulu ndi anyamata awo m'mabuku a ku Indonesia

Achemwali, mwafunsa kuti bwanji pa Wattpad, tsamba la pa intaneti lolembapo ndi kuwerengapo nkhani, pachuluka nkhani za ku Indonesia za mzimayi wokondana ndi mnyamata wochepa zaka kwa iye, komanso ngati kumeneko zoterezi amaziona bwinobwino. Ayi ndithu, anthu amazinena, ndipo kunenedwako ndi kumene kumakoka owerenga.

Sizinayambe lero. Cha m'ma 1960 Motinggo Busye anatchuka ndi mabuku monga Tante Maryati, ndipo mzimayi wotere, yemwe kumeneko amati tante girang, anakhazikika m'maganizo mwa anthu ngati chinthu chochititsa manyazi: mwamuna wake bwana wosakhalitsa pakhomo, iye n'kumakopa anyamata a ku yunivesite ndi ndalama. Pofika 2010 kunatuluka filimu ya Arisan Brondong. Arisan ndi chipereganyu chawo, brondong ndi kamnyamatako, zotsalazo ganizani nokha.

Zimene mukuwerenga panozi zasiyana pang'ono, chifukwa tsopano mwini nkhani ndi mzimayiyo. Nthawi zambiri amakhala wamasiye kapena wakuti banja linatha, ali pantchito yabwino, mwina ali ndi mwana. Mnyamatayo, wamkulu ndithu wakuti akhoza kukwatira, amamuitana kuti Mbak, ngati akuitana mchemwali wake wamkulu, ndipo mitu ingapo imatha asanasiye dzinali. Pamene pamatentha kwenikweni ndi pa tsiku lokaonekera kwa amayi a mnyamata. Tiyi wathiridwa, palibe akumwa, funso n'kubwera lakuti, "Kodi munabadwa chaka chanji?"

Ine ndimaona kuti mkangano weniweni uli pa umutu wa banja. Lamulo la ukwati la 1974 la dzikolo limati mwamuna ndiye mutu wa banja. Nanga ngati wolipira lendi ndi mkazi, mwinanso ndiye bwana wake ku ofesi? Poti ambiri kumeneko ndi Asilamu, oikira kumbuyo chikondi chotere amakumbutsa za Khadijah, amene mbiri yodziwika imati anakwatiwa ndi Mtumiki Muhammad ali ndi zaka 40, Mtumikiyo ali ndi 25, atawagwirirapo mayiyo ntchito pa malonda.

Chimene chimandigwetsa ulesi n'chakuti alembi ambiri amachita mantha kumapeto. Mnyamata uja ankabwereka ndalama ya petulo wa njinga yamoto mwadzidzidzi amapezeka kuti ndi mwana wa mwini kampani, apongozi n'kusangalala. Mukapeza buku limene mnyamatayo akhalabe wosauka mpaka tsamba lomaliza, mutitumizire m'gulu muno.