Mwana wanga akufuna kusiya maphunziro a ziweto kuti azilemba mafilimu

Mayi ena atilembera kalata yodandaula kuti mwana wawo wamkazi, amene ali m'chaka chachiwiri cha maphunziro a ulimi wa ziweto, akufuna kusiya sukulu kuti ayambe kulemba nkhani za mafilimu. Pofuna kuwagonjetsa makolo ake, mtsikanayu akumatchula Chingiz Aitmatov, mlembi wa ku Kyrgyzstan, ponena kuti nayenso anali munthu wa ziweto koma anatsata mtima wake. Mayiwa akufunsa ngati kulemba mafilimu ndi ntchito yoti munthu angadyerepo.

Mayi, mwana wanu wasankha chitsanzo chabwino, koma mbiri yake sanaiwerenge yonse. Aitmatov anabadwa mu 1928 m'mudzi wa Sheker, m'chigawo cha Talas, ndipo bambo ake anaphedwa mu 1938 ndi boma la Stalin, mtsogoleri wa Soviet Union (dziko limene Kyrgyzstan inali mbali yake), iye akadali mwana. Pa nthawi ya nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, amuna ambiri atapita kunkhondo, mnyamatayu anagwira ntchito ya ulembi ku khonsolo ya m'mudzi ali ndi zaka 14 zokha. Kenako anaphunzira za ziweto ku Dzhambul, mzinda wa ku Kazakhstan, n'kupitiriza ku koleji ya zaulimi ku Frunze, mzinda umene lero ukutchedwa Bishkek, ndipo maphunzirowo anawamaliza mu 1953. Apa ndi pamene ndikufuna mwana wanu amvetsetse: Aitmatov sanathawe sukulu. Nkhani yake yoyamba inasindikizidwa mu 1952 akadali wophunzira, ndipo atamaliza anagwira ntchito yosamalira ziweto pa famu kwa zaka zingapo akulemba pa nthawi yake yapadera, mpaka mu 1956 pamene anapita ku Moscow kukaphunzira zolembalemba kwa zaka ziwiri pa sukulu ya Gorky. Mahatchi, ngamila ndi abusa a m'mapiri amene adzaza nkhani zake anawadziwira ku ntchito ya ziwetoyo, ndipo ine ndimakhulupirira kuti akanaisiya msanga, akanasowa zolemba.

Mafilimu anabwera pambuyo. Mu 1963 Larisa Shepitko anajambula filimu yochokera pa nkhani ina ya Aitmatov ku situdiyo ya Kyrgyzfilm, ndipo mu 1965 Andrei Konchalovsky anajambulanso ina yonena za mphunzitsi woyamba wa m'mudzi wina, imene Aitmatov anathandiza nawo kuilemba kuti ikhale ya pa kanema. Pambuyo pake akatswiri a ku Kyrgyzstan komweko monga Tolomush Okeyev ndi Bolotbek Shamshiev anajambulanso nkhani zake, ndipo iye anatsogolera bungwe la opanga mafilimu m'dzikolo kwa zaka zoposa 20.

Pali ntchito ina imene achinyamata ambiri saidziwa, ndipo ndi imene ndikadakonda mwana wanu aiganizire mozama, ndiyo ya mkonzi wa sikiripiti, kutanthauza nkhani yolembedwa kuti ijambulidwe filimu. M'nthawi ya Soviet Union situdiyo iliyonse, kuphatikizapo Kyrgyzfilm, inali ndi gulu la akonzi olembedwa ntchito ndi kulandira malipiro mwezi ndi mwezi, ndipo dzina la mkonzi linkalembedwa pamodzi ndi mayina a ena onse opanga filimuyo. Mkonziyo ankawerenga zimene mlembi wabweretsa, n'kumuonetsa pamene nkhani yafooka, pamene munthu wa m'nkhanimo wachita zinthu zosagwirizana ndi khalidwe lake, ndiponso pamene mlembi wafotokoza ndi mawu chinthu chimene kamera ikanatha kuonetsa mwakachetechete. Analinso mkhalapakati wa mlembi ndi akuluakulu a boma ku Moscow amene ankavomereza kapena kukana nkhani, ndipo mbali imeneyi inali yowawa, popeza nthawi zina mkonzi ankateteza mlembi ndipo nthawi zina ankakakamizika kudula zimene iye mwini ankazikonda. Ku Kyrgyzstan ntchitoyi inkafunanso munthu wodziwa bwino Chikirigizi ndi Chirasha, monga momwe Aitmatov ankalembera m'zinenero zonse ziwiri. Ambiri ofuna luso limeneli ankapita kukaphunzira ku VGIK, sukulu ya mafilimu ya ku Moscow imene inakhazikitsidwa mu 1919.

Tsono funso lanu la ndalama liyankhidwe mosabisa. Malipiro okhazikika amene ndatchulawo ankachokera ku boma, ndipo Soviet Union itatha mu 1991 thandizolo linaphwa, kotero kuti kupanga mafilimu ku Kyrgyzstan kunatsika kwambiri ndipo ambiri anasaka ntchito zina. Amene anapitiriza, monga Aktan Arym Kubat amene filimu yake ya mu 1998 inapata mphoto pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Locarno, ku Switzerland, anadalira ndalama za anzawo a ku Ulaya. Masiku ano mlembi wa mafilimu pafupifupi kulikonse amalipidwa pa ntchito imene waimaliza osati pa mwezi, ndipo pakati pa filimu ina ndi ina pamatha kudutsa zaka.

Choncho musamuletse mwana wanu kulemba, koma mugwirizane naye kuti amalize maphunziro ake, ndipo m'zaka zatsalazi alembe sikiripiti yaifupi ya masamba 10, pokumbukira kuti tsamba limodzi limakhala pafupifupi mphindi imodzi pa kanema. Aipereke kwa anthu awiri amene sangamunyengerere, kenako ailembenso kawiri kapena katatu. Apemphenso kuwerenga masewero a anzake a m'gulu la zisudzo pa koleji pawo, n'kumawalembera ndemanga ya tsamba limodzi yosonyeza pamene nkhani yatayika ndi chifukwa chake. Akadzachita zimenezi kwa chaka chathunthu, mudzatilemberenso, ndipo iyeyo adzaikemo sikiripitiyo pamodzi ndi ndemanga zimene analembera anzake.