Yankho kwa azakhali pa nkhani ya mafilimu

Azakhali, mwaswera bwanji? Ndaona mwafunsa pagulupa zoti msuweni wangayu akufuna kusiya ntchito ayambe kupanga mafilimu payekha, kulemba yekha, kutsogolera yekha, ndalamanso kusaka yekha, ndiye mukuti kodi munthu angadye nazo zimenezi? Ndangoti ndijambule mawu, kulemba kundichedwetsa.

Ine ndikuti mafilimuwo apange, koma ntchito asasiye. Muwuzeni aone a Shemu Joyah. Mkulu ameneyu nkhani amalemba yekha, ochita sewero amawatsogolera yekha, kampani ya FirstDawn Arts ndi yakenso. Koma ntchito yomwe anaphunzira ndi yoyeza malo, usaveya. Anayamba ndi Seasons of a Life, ija ya mtsikana wantchito wopatsidwa mimba ndi bwana wake, momwe munali Flora Suya. The Last Fishing Boat, ya kunyanja ija, inatuluka mu 2012, The Road to Sunrise mu 2017. Mwaona? Zaka zisanu pakati pa filimu ndi inzake. Zaka zisanuzo ana amadya, lendi amalipira, ndiye ndalamayo ichokera kuti ngati ulibe pena pogwira? The Road to Sunrise ija inakawina ku Lagos mu 2018 ngati filimu yopambana kummwera kwa Africa, dziko lino mpaka linaitumiza ku mpikisano wa Oscar. A Joyce Mhango Chavula anali atatenga kale mphoto yomweyo mu 2016 ndi filimu yawo Lilongwe. Luso ndiye lilipo kuno, vuto ndi thumba.

Msuweni wangayu akuganiza za kamera basi, ndikumudziwa. Koma udindo wachitatuwo, wa producer, wosaka ndalama uja, ndiye wowawa. Anthu khumi ndi asanu awapezere thiransipoti, masana adye nsima, magetsi akathima jenereta ifune mafuta. Mwakonzeka bwinobwino, wosewera walira misozi yeniyeni, pomwepo chigayo cha pafupi chalira, mawu onse awonongeka, muyambirenso dzuwa likuthawa. Eee, ndipo Amalawi chithunzi chosaoneka bwino amapirira, koma mawu akamamveka ngati munthu ali m'chitsime amazimitsa. Ndalama yoyamba agulire maikolofoni yabwino, kamera angathe kubwereka.

Kugulitsa ndiye kwina. Filimu ikangotuluka, mawa lake anyamata a pamsika akuikira anthu mu memory card pa ndalama yochepa, mwiniwake osalandira olo tambala. Pa YouTube napo ndalama sibwera msanga.

Ndiye ayambe ndi kafilimu ka mphindi khumi, ajambule Loweruka ndi Lamulungu, malo awiri okha, osewera atatu. Akakamaliza atiponyere pagulu pompano tikaone. Kujambula maukwati ndi zinkhoswe asanyoze, mmenemo ndi momwe anzake amapezera za zipangizo. Kalata yosiyira ntchitoyo, azakhali, muwuze aisunge kaye, ndimuimbira madzulo ano ndikaweruka.