Za ulendo wa ku Bass Rock mu Seputembala

Achemwali, mwafunsa ngati mu Seputembala muno mungawatengere mayi anu amene abwera kuchokera kumudzi limodzi ndi ana ku North Berwick ku Scotland kukaona mbalame za kunyanja zija, ma puffin. Ma puffin iwalaniko kaye chaka chino, amaswana kuyambira Epulo ndipo pofika kumayambiriro kwa Ogasiti amakhala abwerera kunyanja, pa zilumba za Craigleith ndi Isle of May mukangopeza maenje opanda kanthu. Koma ulendowo musaulepheretse ayi, pitani ku Bass Rock, ma gannet, mbalame zazikulu zoyera za kunyanja, adakalipo mpaka Okutobala.

Ndi chimwala chachikulu chili m'nyanja ngati makilomita 2 kuchokera kumtunda, chotalika mamita oposa 100, sipakhala munthu chichokereni oyang'anira nyali younikira zombo mu 1988. Kale kwambiri m'zaka za m'ma 1600 panali ndende, ankatsekeramo ma Covenanter, Akhristu a Chipresibeteriyani a ku Scotland, chifukwa cha nkhani za mpingo, mayi akakhala a CCAP zimenezo ziwakhudza. Mukachiona patali nchoyera mbuu, ndi mbalamezo pamodzi ndi zitosi zake, ndipo boti likayandikira fungo lake ngati khola la nkhuku lomwe silinasesedwe, phokoso nalo simumvana. Zinkafika 150,000 chimfine cha mbalame chisanazigwere mu 2022, zinafa zambirimbiri koma panobe zilipo zodzadza chimwala chonse. Zina mwa zomwe zinadwala nkuchira maso ake anasanduka akuda pomwe anzake ndi otuwa ngati mtambo, anawo auzeni azifufuza zimenezo, sangatope.

Mwezi uno ndiye wabwino mwa njira ina chifukwa anapiye akutsika. Gannet imaikira dzira limodzi basi, imalifungatira ndi mapazi osati mimba, ndiye kamwanako akakadyetsa nsomba miyezi itatu kamanenepa moti kakadumpha pamwalapo sikatha kuwulukanso, kamangoyandama pamadzi masiku angapo mpaka mafuta atachepa, kenako ulendo wakumwera mpaka ku West Africa. Mudzaziona zakuda zamadonthomadontho zili phee pambali pa boti. Zazikuluzo zimapinda mapiko nkugwera m'madzi kuchokera mamita 30 kumwamba, ine chimenecho sichinditopetsa kuonera.

Kwerani sitima pa siteshoni ya Waverley ku Edinburgh, ndi mphindi 35 zokha, mukatsika muyende wapansi mpaka padoko pali Scottish Seabird Centre, mabotiwo amanyamukira pomwepo. Kwa mayi sankhani boti lalikulu lija lokhazikika longozungulira chimwalacho, ka spidiboti kamadumpha pamafunde msana umamva kuwawa, komanso kamakhala ndi malire a zaka za ana. Za kutsika pamwala penipeni ndikukuletsani, nzodula, masitepe ndi oterera, mumakhala maola ambiri popanda pobisala, zisiyireni ojambula zithunzi. Mbalamezo pa boti mumaziona bwinobwino osazisokoneza pazisa.

Bukani pa intaneti koma musankhe tsiku loti likalephereka pali lina, nyanja ikakwiya amakansela m'mawa omwewo. Mayi muwaveke jekete yochindikala ndi chipewa, chitenje chokha sichingathe mphepo ya pamadzi paja, ndipo chipewacho chithandizanso zitosi zikamagwa. Amene amachita chizungulire amwe mapilisi asanakwere. Boti likakanika pitani ku Tantallon Castle, linga lakale la m'mbali mwa nyanja pafupi ndi North Berwick, chimwalacho chimaoneka moyang'anizana nanu, mungobwereka zoonera patali kwa wina.